Mwapuma pantchito ku kopaletivi koma ndalama zanu sizikutuluka? Nazi zoti muchite

Wantchito wa kopaletivi akapuma pantchito, si kawirikawiri kuuzidwa poyera kuti sadzalipidwa. Amauzidwa kuti adikire. Adikire bodi ikumane, adikire oditi (kufufuza mabuku a chuma) ithe, adikire msonkhano waukulu wa pachaka, adikire mamembala abweze ngongole kuti m'thumba mugwe kanthu. Ndipo popeza omuuzawo ndi anthu amene wakhala nawo zaka zambiri, ena mwa iwo adawavotera yekha, amachita manyazi kufunsa kachiwiri. Chaka chimatha, bodi imasintha, amene adalonjeza aja amachoka, obwerawo n'kumati nkhaniyo sakuidziwa.

Ndalama zopumira pantchito si mphatso yomwe bodi imapereka ikasangalala. Ndi malipiro anu omwe adasungidwa kuti mudzalandire mphamvu zikadzatha. Kopaletivi ndi bungwe la mamembala, inde, koma ikalemba munthu ntchito imakhala bwana monga bwana wina aliyense. Bungwe loona za ntchito padziko lonse la ILO lidanena zimenezi mu 2002, m'malangizo ake a nambala 193 okhudza makopaletivi: ogwira ntchito m'makopaletivi atetezedwe mofanana ndi anzawo a kwina, ndipo kopaletivi isakhale pobisalira malamulo a ntchito. Malamulo enieni amasiyana dziko ndi dziko, koma njira yotsatira ndalamazi imafanana kwambiri.

Choyamba, dziwani kuti ndalama iliyonse ili m'manja mwa yani

Ambiri amapita kukadandaula akungoti "ndalama zanga", pamene ndalamazo n'zamitundu ingapo ndipo uliwonse uli ndi mwini wake woyenera kufunsidwa. Pali penshoni, yomwe m'maiko ambiri imasungidwa ndi thumba lapadera osati ndi bwana. Pali ndalama yolandira kamodzi malinga ndi zaka zomwe mwagwira, imene ambiri amaitcha gratuity. Pali malipiro a mwezi wotsiriza ndi masiku a tchuthi omwe simudapume. Kenaka, ngati mudalinso membala, pali masheya anu ndi ndalama zomwe mudasunga.

Zotsirizazi zipatuleni. Masheya ndi zosunga zimayendera malamulo a kopaletivi monga membala, pamene zinazo zimayendera mgwirizano wa ntchito ndi malamulo a dziko. Mukazisakaniza m'kalata imodzi, bodi imapeza mpata woyankha za umembala n'kusiya za ntchito.

Pa penshoni, lemberani kaye thumba lomwe limasunga, mupemphe ndondomeko ya zonse zomwe zidalowa m'dzina lanu mwezi ndi mwezi. Apa ndi pomwe choonadi chimatulukira. Nthawi zambiri zimapezeka kuti pa kapepala ka malipiro ndalama inkadulidwa mwezi uliwonse, koma ku thumba sinkafika, chifukwa manijala ankaigwiritsa ntchito zina akuganiza kuti adzabweza zinthu zikadzayenda. Ku Malawi, kuyambira 2011 lamulo limati bwana aikepo 10 peresenti ya malipiro ndipo wantchito 5 peresenti. Ku South Africa lamulo la penshoni limapatsa bwana masiku 7 mwezi ukatha kuti akhale atatumiza, ndipo kuyambira 2014 akuluakulu oyendetsa bungwe angathe kufunsidwa iwo eni ngati ndalamazo sizidatumizidwe. Mukaika ndondomeko ya thumba pambali pa timapepala ta malipiro, miyezi yosowayo imaonekera yokha, ndipo umenewo ndi umboni wovuta kuukana.

Chachiwiri, mapepala

Ngati simunapume, asonkhanitseni tsopano, makiyi a ofesi akadali m'manja mwanu. Tsiku lotsatira mutachoka, pepala lomwe mukadangolitenga m'kabati lidzafuna kalata ndi chilolezo cha wapampando. Mukufunika kalata yokulembani ntchito, makalata onse okukwezani kapena kusintha malipiro, timapepala ta malipiro makamaka ta chaka chomaliza, buku la malamulo a ogwira ntchito, malamulo a kopaletivi, ndi kalata yovomereza kupuma kwanu. Tengani zokhudza inu zokha. Mabuku a mamembala ndi zinsinsi za anthu ena musazikhudze, chifukwa zimenezo zingakubweretsereni mlandu womwe mudalibe.

Pepala limodzi limaposa onse: kalata yosonyeza kuti mwapereka ntchito kwa wokulowani m'malo ndipo zonse zapezeka zili bwino. Amene ankagwira ndalama kapena kusunga katundu asachoke popanda kuwerengetsa pamaso pa mboni, ziwerengero zilembedwe, onse asaine ndi kuika tsiku. Milandu yambiri ya kugwiridwa kwa ndalama imayambira pa kusowa kwa pepala limeneli. Munthu akachoka osapereka bwino ntchito kwa womulowa m'malo, chilichonse chodzasowa m'tsogolo chimaponyedwa pa iye, popeza kulibe woti adziyankhire.

Ngati mudachoka kale opanda mapepalawa, musataye mtima. Ndondomeko ya ku banki imaonetsa malipiro omwe ankalowa, a msonkho ali ndi zolemba zawo, ndipo anzanu omwe mudalembedwa nawo ali ndi buku lomwelo la malamulo.

Chachitatu, werengerani nokha

Musapite kukafunsa bodi kuti ikuuzeni zomwe muyenera kulandira. Pitani ndi nambala yanu. Kawerengedwe kamapezeka m'mgwirizano wanu kapena m'lamulo la dziko, ndipo kawirikawiri si kovuta. Mwachitsanzo, lamulo la gratuity la ku India la 1972 lidaika kuti wogwira ntchito zaka 5 kapena kuposa alandire malipiro a masiku 15 pa chaka chilichonse, mwezi ukuwerengedwa masiku 26. Wolandira marupi 26,000 pamwezi amene wagwira zaka 20 ndiye kuti tsiku lake ndi 1,000, kuchulukitsa ndi 15 kenaka ndi 20, zikukwana 300,000. Lamulo lomwelo lidati ndalamayi iperekedwe m'masiku 30, kupitirira apo ibale chiwongoladzanja.

Pezani kawerengedwe ka kwanuko ndipo mulembe mzere ndi mzere. Onetsetsani tsiku lomwe mudayamba ntchito, chifukwa pamenepa pamakhala mkangano. Makopaletivi ambiri amayamba aang'ono, munthu n'kugwira zaka zingapo popanda kalata, kalata n'kudzabwera bungwe litakula. Zaka zoyambazo bodi imakonda kuziiwala. Ngati muli ndi chilichonse chosonyeza kuti munkalipidwa nthawi imeneyo, ngakhale lisiti kapena zolemba za msonkhano zotchula udindo wanu, chisungeni. Musaiwalenso chiwongoladzanja. Ndalama yomwe ikadakugulirani zambiri chaka chomwe mudapuma imakhala itachepa mphamvu ikabwera patatha zaka zinayi, ndipo mukapanda kuchipempha m'dandaulo lanu si onse oweruza amene angakuonjezereni okha.

Chachinayi, kalata

Zokambirana za pafoni ndi za m'khonde zithere pano. Lemberani wapampando wa bodi, kope lipite kwa manijala ndi kwa komiti yoyang'anira kayendetsedwe ka chuma ngati ilipo. Kalata ikhale yaulemu ndi yaifupi, yonga iyi:

"Wolemekezeka Wapampando, ndidagwira ntchito m'kopaletivi ino kuyambira tsiku lakuti mpaka tsiku lakuti, pamene ndidapuma. Malinga ndi ndime yakuti ya mgwirizano wanga, ndiyenera kulandira ndalama zokwana zakuti, monga ndawerengera papepala lomwe ndaphatikiza. Mpaka lero sindinalandire. Ndikupempha kuti mundilipire m'masiku 14. Ngati pali chifukwa chomwe mwagwirira ndalamazi, chonde mundiuze polemba, mutchule ndime ya lamulo kapena ya mgwirizano yomwe ikukupatsani mphamvu yotero, kuchuluka kwa ndalama zomwe mukuti ndili nazo mangawa, ndi tsiku la msonkhano wa bodi womwe udagamula zimenezi."

Kaperekeni nokha ndipo wolandirayo asaine ndi kudinda pa kope lanu. Akakana, itumizeni m'njira yomwe imasiya umboni woti yafika. Mafunso atatu a kumapetowo ndiwo mtima wa kalatayi. Nthawi zambiri mudzapeza kuti palibe msonkhano womwe udagamulapo kanthu, ndalama idangogwiridwa ndi munthu mmodzi kapena awiri. Bodi ikayankha, yadzimanga pa chifukwa chimodzi ndipo singabwerenso ndi china mawa popanda kuoneka yosakhulupirika. Ikapanda kuyankha, kukhala chete kwakeko mudzakuonetsa kutsogolo.

Chachisanu, yankhani chifukwa chomwe apereka

Chifukwa chofala kwambiri ndi chakuti oditi yapeza ndalama zosowa pa nthawi yomwe inu mudali pantchito. Pamenepa khalani maso, chifukwa funso la oditi si chigamulo. Owerengera chuma amangonena kuti mabuku sakugwirizana, sanena kuti wakuba ndi uje. Kuti bwana adule ndalama za wantchito pa chifukwa chotere, pafunika kuti munthuyo auzidwe mlandu wake, aonetsedwe umboni, apatsidwe mpata woyankha, ndipo kutayikako kuwerengedwe n'kudziwika kuti n'kochuluka bwanji. Pangano la ILO la nambala 95 la 1949 limati zodula pa malipiro zikhale zokhazo zomwe lamulo la dziko, mgwirizano wa ogwira ntchito kapena chigamulo cha mkhalapakati chalola. Ku South Africa, ndime 37D ya lamulo la penshoni imalola kudula penshoni pa mlandu wa kuba kapena chinyengo pokhapokha wantchito atavomera polemba kapena khoti litagamula. Thumba lingathe kugwira ndalamayo mlandu uli mkati, koma mlanduwo ukhale ukuyendadi. Khoti lalikulu la India, pa mlandu wa wantchito wa boma mu 2013, lidati penshoni ndi gratuity ndi chuma cha munthu ndipo sizingagwiridwe popanda lamulo lololeza kutero.

Choncho funsani: kodi ndidaitanidwapo kudzayankha? Kodi mlandu uli kukhoti liti, ndipo nambala yake ndi iti? Kodi zosowazo n'zingati? Ngati akuti zosowa n'zochepa poyerekeza ndi zomwe agwira, pemphani kuti zotsalazo zituluke pomwepo, mkangano ukhale pa kagawo kokhako. Palibe chilungamo m'kugwira ndalama za zaka makumi awiri chifukwa cha funso la ndalama za mwezi umodzi.

Ndipo musasaine pepala lovomera mlandu pofuna kuti zinthu zifulumire. Ili ndi dzenje lomwe ambiri amagweramo. Amauzidwa kuti "ingosainani apa kuti tikupatseni zotsalazo", munthu atatopa ndi njala n'kusaina. Siginecha imeneyo ndi yomwe lamulo limafuna kuti kudulako kukhale kololedwa, ndipo ingathenso kukatengeredwa ku polisi. Ngati mukudziwa kuti pali pomwe mudalakwitsadi, kaonaneni kaye ndi loya musanalembe chilichonse.

Chifukwa chachiwiri ndi ngongole. Ngati mudakongola ku kopaletivi, werengani fomu yomwe mudasaina. Mafomu ambiri amalola kuti chotsala chidulidwe pa masheya, pa zosunga, nthawi zina ndi pa malipiro otsiriza. Penshoni yosungidwa m'thumba lapadera imakhala yotetezedwa kwambiri, ndipo m'maiko ambiri siloledwa kukhala chikole cha ngongole wamba. Ngongole yoona ivomereni ndipo pemphani ndondomeko yake yonse, chifukwa kuikana kumangofooketsa mbali yomwe muli olondola. Nkhani imavutirapo pamene mudasainira mnzanu ngongole monga mboni. Pamenepo funsani ngati mwini ngongoleyo walepheradi kubweza, ngati adatsatidwa kaye, ndiponso ngati mboni zinzanu zagawana nanu mtolowo. Kugwira ndalama zanu chifukwa cha ngongole yomwe mwini wake akubwezabe bwinobwino n'kulanga munthu pa mlandu womwe sunachitike.

Chifukwa chachitatu ndi chakuti kopaletivi ilibe ndalama. Mwina n'zoona, koma kusowa ndalama sikufafaniza ngongole. Onani malipoti a chuma omwe amaperekedwa pamsonkhano waukulu: ngati mamembala adagawana phindu chaka chomwecho, kapena bodi idagula galimoto, nkhani ya kusowa ndalamayo yagwa. China chomwe mungamve n'chakuti zimenezo zidali za bodi yakale. Yankho lake n'lalifupi. Amene adakulembani ntchito ndi kopaletivi, ndipo kopaletivi yolembetsedwa imakhala yomweyo ngakhale atsogoleri asinthe kakhumi.

Chachisanu ndi chimodzi, gogodani pakhomo loyenera, nthawi isanathe

Apa ndi pomwe wantchito wa kopaletivi amasiyana ndi wa kampani, ndipo ambiri amataya zaka pamenepa. Maiko ambiri ali ndi ofesi ya boma yolembetsa ndi kuyang'anira makopaletivi, ndipo malamulo amati mikangano yokhudza ntchito za kopaletivi ipite kumeneko kapena ku bwalo lake lapadera. Maiko omwewo ali ndi ofesi za zantchito ndi makhoti a zantchito. Palinso oyang'anira matumba a penshoni. Ku Kenya, mwachitsanzo, kuli Co-operative Tribunal, kuli Employment and Labour Relations Court, kulinso Retirement Benefits Authority. Ku Malawi milandu ya ntchito imapita ku Industrial Relations Court. Loya wa kopaletivi akaona kuti mwalowa khomo lolakwika sakuuzani msanga. Amadikira mlandu ufike patali, n'kudzutsa mfundo yoti bwalolo lilibe mphamvu, inu n'kukayambiranso.

Kawirikawiri zimayenda chonchi: za masheya ndi zosunga zimapita ku ofesi ya makopaletivi, za mgwirizano wa ntchito ku ofesi kapena khoti la zantchito, za penshoni yosatumizidwa kwa woyang'anira matumba a penshoni. Koma pali madera ena komwe lamulo la makopaletivi limatenganso mikangano ya ogwira ntchito. N'chifukwa chake funso loyamba lokafunsa loya, bungwe la ogwira ntchito kapena ofesi yothandiza anthu pa zamalamulo likhale ili: nkhani yanga ipite kuti, ndipo ndili ndi nthawi yaitali bwanji?

Nthawiyo ndi yoopsa kuposa china chilichonse m'nkhaniyi. Ku Kenya mlandu wochokera pa mgwirizano wa ntchito uyenera kufika kukhoti m'zaka 3. Ku South Africa, woweruza madandaulo a penshoni, Pension Funds Adjudicator, amalandira madandaulo kwaulere, koma nayenso salandira nkhani yopitirira zaka 3, ndipo amafuna kuti mukhale mutadandaula kaye kwa thumba kapena kwa bwana n'kuwapatsa masiku 30. Madandaulo ena, monga a kuchotsedwa ntchito mopanda chilungamo, ali ndi nthawi yaifupi kwambiri kuposa pamenepa. Malonjezo a pakamwa saimitsa nthawi. Bodi yomwe ikukuuzani chaka ndi chaka kuti mudikire msonkhano wotsatira, kaya ikudziwa kaya sikudziwa, ikukuyandikizitsani ku tsiku lomwe khoti lidzati mwachedwa. Ine ndimaona kuti masiku omwe mudapereka m'kalata akatha popanda yankho lomveka, dandaulo lipite kunja sabata yomweyo. Kukambirana kungapitirire dandaulo lili kale m'kaundula.

Fufuzaninso ngati dziko lanu lili ndi chitetezo chapadera. Ku Zambia, malamulo oyendetsera dziko omwe adasinthidwa mu 2016 amati ngati penshoni sinaperekedwe pa tsiku lomaliza la ntchito, munthuyo aleke ntchito koma dzina lake likhalebe pa mndandanda wa olandira malipiro mpaka ataipatsidwa.

Ngati mudakali membala, muli ndi mawu pamsonkhano waukulu, popeza mfundo ya makopaletivi ndi yoti membala mmodzi voti imodzi. Mungathe kupempha kuti ngongole za ogwira ntchito opuma zilembedwe m'lipoti la chuma. Zikalembedwa, kopaletivi yavomera poyera kuti ili nazo. Koma musalole kuti ufulu wanu uponyeredwe voti, chifukwa ovotawo ndi omwe phindu lawo lichepe inu mukalipidwa.

Chachisanu ndi chiwiri, akafuna kukambirana

Dandaulo likafika kunja, bodi zambiri zimafewa. Kukambirana si kugonja, ndipo kwa munthu wachikulire amene akudwaladwala, kulandira pang'onopang'ono kuyambira mwezi uno kungapose kudikira chigamulo cha zaka zitatu. Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Koma mgwirizanowo ulembedwe: ndalama zonse ndi zingati, gawo lililonse lidzaperekedwa tsiku liti, chiwongoladzanja n'chotani, ndipo akaphonya gawo limodzi zotsala zonse ziyenera kuperekedwa nthawi imodzi. Ukhale ndi chigamulo cha bodi kumbuyo kwake, osati siginecha ya manijala yekha. Ngati mlandu uli kale kukhoti, pemphani kuti mgwirizanowo ulembetsedwe monga chigamulo cha khoti, kuti akauswa musadzayambirenso kuzenga.

Polandira gawo loyamba, werengani lisiti musanasaine. Ngati lalembedwa kuti ndalamayo yathetsa zonse zomwe mumafuna, pamene mwangolandira gawo, kanani mpaka mawuwo asinthidwe.

Kukhoti ndi pambuyo pake

Mlandu wotere umapambanidwa ndi mapepala kuposa kulankhula. Sanjani zonse motsatira masiku, ikani kawerengedwe kanu pamwamba, ndipo pofotokoza khalani pa ndalama ndi pa masiku. Zowawa za mumtima n'zoona, koma woweruza akufuna kudziwa zomwe mudalonjezedwa, zomwe mudalandira ndi zomwe zatsala. Ngati muli angapo ogwiridwa ndalama ndi kopaletivi imodzi, yendani limodzi, loya mmodzi akukwanirani ndipo mtengo mugawana.

Chigamulo chikatuluka si ndiye kuti ndalama zalowa. Kopaletivi ingachite apilo kapena kungokhala chete. Bwererani kukhoti mukapemphe chilolezo choti chigamulo chikwaniritsidwe, kaya polanda katundu kudzera kwa masherifu kaya pogwira ndalama za kopaletivi ku banki. Kope la chigamulo litumizeninso ku ofesi yoyang'anira makopaletivi.

Mukamva kuti kopaletivi ikutsekedwa, thamangani. Woikidwa kuti agulitse katundu ndi kulipira ngongole amalengeza tsiku lomaliza lolandira madandaulo, ndipo wosalembetsa amatsala. Pangano lija la 1949, komanso la nambala 173 la 1992, amati ngongole za ogwira ntchito ziikidwe patsogolo pa ngongole wamba, ndipo maiko ambiri adaika zimenezi m'malamulo awo, ngakhale amaika malire pa kuchuluka kwake. Polembetsa nenani momveka kuti mukudandaula monga wantchito, chifukwa masheya a mamembala amabwezedwa kumapeto, ngongole zonse zitalipidwa, ngati pali chotsala.

Uzaninso a m'banja mwanu komwe mapepalawa ali, ndipo onetsetsani kuti fomu yotchula odzalandira ndalama zanu ku thumba la penshoni ili ndi maina oyenera. Wopuma pantchito akamwalira nkhani ili mkati, ngongoleyo siifa naye. Mkazi, mwamuna kapena ana angathe kuipitiriza, atatenga kaye kukhoti makalata owapatsa mphamvu yoyang'anira chuma cha womwalirayo.